Mafunso ndi mayankho pa nkhani ya Utatu Woyera: Mulungu mmodzi kapena atatu?

Ndimaphunzitsa kalasi la ubatizo pa mpingo wathu kuno ku Mchinji, chakufupi ndi Kamwendo, ndipo chaka chilichonse tikangofika pa phunziro la Utatu manja amakwera kuposa tsiku lina lililonse. Ena mafunsowa amawatola kumsika komwe amachezera ndi anzawo achisilamu, ena a Mboni za Yehova anawapeza pakhomo Loweruka mmawa nkuwasiyira mavesi oti akaganizire, enanso nkhani inabuka pagulu la WhatsApp usiku mpaka bandulo kutha anthu osagwirizana. Nde ndati ndingolemba pamodzi mafunso omwe amabwerabwera aja, mmene ndimawayankhira tikakhala pansi pa mtengo wa mango kuseri kwa tchalitchi.

Utatu Woyera ndi chani kwenikweni?

Mulungu ndi mmodzi yekha, palibenso wina. Koma Mulungu mmodzi yemweyo ndi Atate, Mwana ndi Mzimu Woyera, ndipo wakhala chomwecho dziko lisanalengedwe nkomwe. Atate ndi Mulungu wathunthu, Mwana ndi Mulungu wathunthu, Mzimu Woyera ndi Mulungu wathunthu. Komabe Atate si Mwana, Mwana si Mzimu, Mzimu si Atate. Amadziwana, amakondana, amalankhulana. Chiphunzitso chake nchomwechi basi, zina zonse zomwe akuluakulu ampingo analemba mabuku ndi mabuku zili ngati mpanda wotchinga kuti mbuzi zisalowe mmunda.

China chomwe chimatisokoneza ndi mawu. Tikati "anthu atatu" mwana wa kalasi amaona azibambo atatu atakhala pabenchi, wina wandevu zoyera, wina wachinyamata. Sizili choncho ayi. Nchifukwa chake ena amangoti Atatu mwa Mmodzi, ena amabwereka liwu la Chilatini lija loti persona, kuopa kuti liwu loti munthu lingatipatse chithunzi cholakwika.

Koma 1 kuphatikiza 1 kuphatikiza 1 si 3? Masamu ake akuyenda bwanji?

Tikanakhala kuti tikunena zoti Mulungu ndi mmodzi komanso milungu ndi itatu, pamenepo zikanakhala zosamveka ndipo ine ndikanakhala woyamba kukana. Koma pali mafunso awiri osiyana apa. Ukafunsa kuti "ndi chiyani?" yankho ndi limodzi, Mulungu, umulungu umodzi, mphamvu imodzi, chifuniro chimodzi. Ukafunsa kuti "ndi ndani?" mayankho ndi atatu. Ife anthu mafunso awiriwa amathera pa munthu mmodzi, nde timaganiza kuti ndi mmene ziyenera kukhalira paliponse mpaka kumwamba komwe. Mulungu si matumba a mtedza oti tiwaike pa sikelo nkuwerenga kuti limodzi, awiri, atatu. Iye ndi amene analenga kuwerengako.

Liwu loti Utatu mulibe m'Baibulo, ndiye munalitenga kuti?

Zoona, mulibe, ndipo musamachite manyazi kuvomera zimenezi munthu akakufunsani. Liwuli linabwera pambuyo pake ngati chidule cha zomwe Akhristu ankawerenga kale m'Malemba. Theophilus wa ku Antioch analemba liwu la Chigiriki loti trias cha m'ma 180, kenako Tertullian, yemwe anali wa ku Carthage, m'dziko lomwe lero tikuti Tunisia, ndi amene anayamba kulemba liwu la Chilatini loti trinitas kumayambiriro kwa zaka za m'ma 200. Izi ndimakonda kuzinena mokweza chifukwa achinyamata ambiri amauzidwa kuti Utatu ndi katundu wa azungu amene anabwera ndi sitima. Tertullian anali wa mu Africa muno. Athanasius, bishopu amene anateteza kwambiri chiphunzitsochi, anali wa ku Egypt. Augustine, amene analemba buku lalikulu pa nkhani yomweyi, anali bishopu wa ku Hippo, m'dziko lomwe lero ndi Algeria. Nthawi imeneyo makolo a azungu ambiri akumpoto kwa Ulaya anali asanamveko dzina la Yesu.

Funso lofunika si loti liwulo lilimo kapena mulibe, koma ngati zomwe liwulo likunena zilimo.

Chabwino, mavesi ake ndi ati?

Yambani ndi Deuteronomo 6:4, Yehova Mulungu wathu ndi mmodzi, ndi Yesaya 43:10 pomwe akunena kuti Iye asanakhale panalibe Mulungu wina ndipo sipadzakhalanso wina pambuyo pake. Atumwi anali Ayuda, anakula akunena mawu a Deuteronomo aja mmawa ndi madzulo. Tsono Ayuda omwewa ndi amene akulemba kuti "Pachiyambi panali Mawu, ndipo Mawu anali kwa Mulungu, ndipo Mawu ndiye Mulungu" pa Yohane 1:1, ndipo pa vesi 14 Mawu aja anasandulika thupi. Tomasi ataona mabala aja akuti "Ambuye wanga, ndi Mulungu wanga", Yohane 20:28, ndipo Yesu sakumudzudzula, pomwe Paulo ndi Barnaba anthu a ku Lustra atafuna kuwaperekera nsembe anang'amba zovala zawo. Pa Afilipi 2:10-11 Paulo akutenga mawu a Yesaya 45:23, oti bondo lililonse lidzagwadira Yehova, nkuwaika pa Yesu.

Kenako onani pomwe atatuwa akuonekera limodzi. Pa mtsinje wa Yordano, Mateyu 3:16-17, Mwana ali m'madzi, Mzimu akutsika ngati nkhunda, Atate akulankhula kuchokera kumwamba. Pa Mateyu 28:19 akuti batizani m'dzina la Atate ndi la Mwana ndi la Mzimu Woyera, dzina osati maina. Ndi chisomo chija timanena potseka mapemphero aliwonse, kaya ndi kumudzi kaya pamaliro, chili pothera pa 2 Akorinto 13.

Vesi limodzi lokha ndikupempheni musamalitsamire, 1 Yohane 5:7 mmene lilili m'Baibulo la Chingerezi la King James, lonena za atatu ochitira umboni kumwamba. Mawu amenewo mulibe m'mipukutu yakale kwambiri ya Chigiriki, ndipo mabaibulo ambiri atsopano anawachotsa. Chiphunzitso cha Utatu sichinamangidwe pa vesi limeneli, choncho palibe chomwe chikugwa.

Ndinamva kuti ndi mfumu ya Aroma Constantine anayambitsa Utatu ku Nicaea mu 325. Si zoona?

Ili ndi lomwe limazungulira kwambiri pa Facebook. Msonkhano unachitikadi mu 325 ku Nicaea, tauni yomwe lero ili ku Turkey, ndipo anaitanitsa ndi Constantine, mabishopu pafupifupi 300 anabwera. Koma chomwe anakakambirana chinali mkangano womwe unabuka ku Alexandria. Wansembe wina dzina lake Arius ankaphunzitsa kuti Mwana ndi cholengedwa choyamba ndi chachikulu koposa, ndipo inalipo nthawi yomwe Mwanayo kunalibe. Msonkhano unakana, nkulemba kuti Mwana ndi wobadwa osati wolengedwa, wa umulungu umodzi ndi Atate, pa Chigiriki liwu lake homoousios.

Nde taonani izi. Zaka zoposa 200 msonkhanowu usanachitike, cha m'ma 112, bwanamkubwa wachiroma Pliny, yemwe sanali Mkhristu nkomwe, analembera mfumu Trajan kuti Akhristu amasonkhana kusanache nkumayimbira Khristu nyimbo ngati kwa mulungu. Ignatius wa ku Antioch, nthawi ngati yomweyo, m'makalata ake amamutcha Yesu Khristu Mulungu wathu. Constantine anali asanabadwe, agogo ake omwe.

Komanso boma silinaime mbali ya Nicaea nthawi zonse. Constantine yemweyo pambuyo pake anathamangitsa Athanasius, ndipo pomwalira mu 337 anabatizidwa ndi Eusebius wa ku Nicomedia, bishopu yemwe anali kumbali ya Arius. Mwana wa Constantine, Constantius, ankakondera a Arius poyera. Athanasius, amene anakhala bishopu wa Alexandria mu 328, anachotsedwa pampando nkuthamangitsidwa kasanu konse, makamaka chifukwa chokana kusintha chiphunzitsochi, pena kukabisala kwa amonke m'chipululu. Chikanakhala chiphunzitso cha boma bwenzi akumupatsa nyumba yabwino ndi ulemu, osati kumusaka ngati mbava. Iye anamwalira mu 373 nkhani isanathe, ndipo ndi msonkhano wa ku Constantinople mu 381 womwe unatsimikiza za Nicaea nkuonjezera mawu omveka bwino okhudza Mzimu Woyera. Chikhulupiriro chomwe timati cha ku Nicaea lero ndi chimenecho, ndipo mu 2025 mipingo inakumbukira kuti patha zaka 1700.

Nanga bwanji Yesu anati "Atate ali wamkulu ndi Ine"? Ndipo popemphera ankalankhula ndi ndani, yekha?

Funso labwino, ndipo vesi lake ndi Yohane 14:28. Ankapemphera kwa Atate ake, osati kwa iye mwini, paja tanena kuti Mwana si Atate. Amene amavutika ndi mapemphero a Yesu ndi amene amati Atate ndi Yesu ndi mmodzi yemweyo wangosintha malaya, ife sitinena choncho.

Za ukuluzo, werengani Afilipi 2 kuyambira vesi 6. Anali ndi maonekedwe a Mulungu koma anadzikhuthula natenga maonekedwe a kapolo. Anakhaladi munthu weniweni, wanjala, wotopa mpaka kugona m'ngalawa, wolira pamanda a Lazaro. Ali mu kudzichepetsa kumeneko, akupita kumtanda, akunena zoona kuti Atate ndi wamkulu. Ndi mmene ndimamvera Marko 13:32 pomwe akuti tsiku lomaliza ngakhale Mwana salidziwa. Koma mu Uthenga wa Yohane womwewo akuti "Ine ndi Atate ndife amodzi", 10:30, ndipo pa 17:5 akupempha ulemerero womwe anali nawo ndi Atate dziko lisanakhale. Amene amangotenga 14:28 nkusiya enawa ali ngati munthu wopalira mzere umodzi nkunena kuti munda watha.

Pa Akolose 1:15 paja akuti wobadwa woyamba wa chilengedwe chonse, musaime pomwepo, vesi lotsatira likuti zinthu zonse zinalengedwa mwa Iye. Kwa Ayuda woyamba kubadwa linalinso dzina laudindo. Davide anali chitsirizira m'banja la Jese koma pa Salimo 89:27 Mulungu akuti adzamuyesa mwana woyamba. Ifenso kuno timadziwa kuti wolowa ufumu si nthawi zonse amene anayamba kubadwa.

Mzimu Woyera si mphamvu chabe ya Mulungu?

Apa ndi pomwe ngakhale ife opita kutchalitchi sabata iliyonse timaphonya. Tamverani mmene ena amalankhulira, ngati Mzimu ndi mayunitsi a magetsi, wina ali nawo ambiri wina amuthera, ndipo ukapita kwa munthu wa Mulungu wakutiwakuti ndi kenakake m'manja akuonjezera. Simoni wamatsenga anaganiza chimodzimodzi pa Machitidwe 8, anatulutsa ndalama kuti agule, ndipo Petro anamuyankha mawu owawa zedi.

Mphamvu siimva chisoni, koma Aefeso 4:30 akuti musamvetse chisoni Mzimu Woyera. Mphamvu siilankhula, koma pa Machitidwe 13:2 Mzimu akuti mundipatulire Barnaba ndi Saulo. Magetsi sungawanamize, koma Petro akuuza Hananiya kuti wanyenga Mzimu Woyera, ndipo vesi lotsatira akuti sunanyenge anthu koma Mulungu, Machitidwe 5:3-4. Ine ndimakonda mmene Buku Lopatulika linamasulira Yohane 14:16, akuti Nkhoswe yina. Aliyense kuno amadziwa kuti nkhoswe si chinthu, ndi munthu amene amakuimira, amakulangiza, amabwera pakati pa usiku banja likagwedezeka. Ndipo akuti yina chifukwa Yesu mwini ndi Nkhoswe yathu kwa Atate, 1 Yohane 2:1.

Komanso Mzimu Woyera si mmodzi mwa mizimu ya makolo, si mzimu wa Yesu atamwalira ayi. Analipo pa Genesis 1:2 pamwamba pa madzi munthu woyamba asanaumbidwe.

Kodi fanizo la mafuwa atatu si labwino pofotokozera ana?

Ndalimva kambiri, ndipo ndikumvetsa chifukwa chake anthu amalikonda, mafuwa atatu mphika umodzi, ukachotsa limodzi nsima yatayika. Vuto lake fuwa limodzi si moto wonse, ndi gawo chabe, pomwe Atate si gawo la Mulungu, ndi Mulungu wathunthu. Dzira lija la chikamba, choyera ndi chachikasu vuto ndi lomwelo. Fanizo la madzi, ayisi ndi nthunzi, kapena la bambo mmodzi yemwe kusukulu ndi mphunzitsi, kunyumba ndi bambo, kutchalitchi ndi mkulu wampingo, limalakwika kwina, limapanga Mulungu kukhala mmodzi wongosintha maudindo. Chiphunzitso chimenecho chinabwera kale ndi munthu wina dzina lake Sabellius m'zaka za m'ma 200 ndipo mpingo unachikana, chifukwa pa Yordano paja onse atatu alipo nthawi imodzi.

Ine ana ndimangowawerengera nkhani ya ubatizo wa Yesu nkuwafunsa kuti mwaona ndani, mwamva ndani. Amagwira msanga kuposa mafanizo athu.

Koma zimenezi zili ndi ntchito yanji pa moyo wanga? Ine ndikufuna feteleza ndi fizi ya ana.

Funso ili anandifunsa bambo wina wachikulire ndithu, ndipo ndi lomwe ndimalitenga mozama kuposa onse, chifukwa ngati Utatu ndi masewera a anthu ophunzira basi ndiye bola tiusiye.

Maliro akagwa pamudzi, pali mfumu yomwe imatumiza nyakwawa ndi chipepeso mu envulopu, ndipo pali mfumu yomwe imabwera yokha, kukhala pa siwa usiku wonse ndi anamfedwa, kuzizidwa nawo limodzi mpaka adzukulu kubwerako kumanda. Onse awiri apepesa, koma ofedwa amadziwa kusiyana kwake ndipo saiwala. Tsono ngati Arius ankanena zoona, ngati Yesu ndi cholengedwa kaya mngelo wamkulu, ndiye kuti pa tsoka lathu lalikulu la uchimo ndi imfa Mulungu anatuma nyakwawa, mwini wake anatsala kunyumba. Koma 2 Akorinto 5:19 akuti Mulungu anali mwa Khristu kuyanjanitsa dziko lapansi kwa Iye yekha. Amene anakhomedwa pamtanda paja ndi Mwana, osati Atate, koma Mwanayo ndi Mulungu weniweni, choncho njala amaidziwa, kunyozedwa amakudziwa, kuikidwa m'manda obwereka amakudziwa. Pamene mwagona mchipatala kudikirira mwana wodwala malungo, kapena soya mwagulitsa pamtengo wolira ngongole ili pakhosi, amene mukumuitanayo si mlendo pa zowawa. Ine chimenechi ndi chomwe chimandigwira.

Athanasius ankalimbikira pomwepa, kuti amene angakonzenso munthu woonongeka ndi yekhayo amene anamulenga poyamba. Cholengedwa chinzathu, ngakhale chikule bwanji, sichingatilumikize kwa Mulungu chifukwa nachonso chili tsidya lino la mtsinje. Ndipo ngati Yesu si Mulungu, nyimbo zonse zomwe makwaya athu amamuyimbira, kugwada konse kuja, ndi kupembedza fano.

Chinanso. Timakonda kunena kuti Mulungu ndiye chikondi, 1 Yohane 4:8. Nanga asanalenge kanthu ankakonda ndani? Akanakhala yekhayekha ndiye kuti chikondi anachiyamba mochedwa, atapeza woti amukonde. Koma Yesu pa Yohane 17:24 akuti Atate anamukonda dziko lisanakhazikike. Mulungu sanatilenge chifukwa chosungulumwa kapena kusowa womutumikira, anali wokwana kale, anatilenga kuti atigawireko zomwe anali nazo. Nchifukwa chake sagulika ndi chopereka ndipo sakukondani chifukwa mwachita bwino sabata ino. Akulu akale anati kali kokha nkanyama, tili awiri ntianthu, ndipo ine ndimaona kuti anakhudza chinthu choona, tinalengedwa m'chifanizo cha Mulungu yemwe mwa Iye mwini muli chiyanjano.

Ndiye pali maganizo ena omwe ambiri tinakula nawo, oti Atate ndi bambo wolusa wagwira chikwapu, Yesu ndi amene amamugwira dzanja kuti asatimenye. Amene anakulira m'nyumba ya bambo wankhanza amavutika nazo kwambiri zimenezi, ena mpaka kulephera kunena kuti Atate wathu wakumwamba. Utatu umakana bodza limeneli. Chifuniro chawo ndi chimodzi. Ndi Atate amene anakonda dziko napereka Mwana, Yohane 3:16, ndipo Yesu akuti pa Yohane 16:27 Atate mwini amakukondani. Wandiona Ine waona Atate. Mmene Yesu anakhudzira wakhate muja, mtima wa Atate ndi womwewo.

Ndi mipingo iti imakhulupirira zimenezi? Nanga anzathu omwe amakana tizikhala nawo bwanji?

Akatolika, CCAP, Anglican, Baptist, Seventh-day Adventist, Assemblies of God ndi ena ambiri a pentekosite, onsewa amasiyana pa zambiri koma apa ali pamodzi. Zomwe amaphunzira ofuna unsembe ku seminale ya Akatolika ya Kachebere pa nkhani iyi ndi zomwe zili mu Katekisma wa Heidelberg wa 1563 amene ife a Sinodi ya Nkhoma timatsata, funso 24 ndi 25. Mkatolika wa ku Guilleme kapena ku Ludzi akamachita chizindikiro cha mtanda akutchula dzina lomwelo lomwe abusa athu amatchula pobatiza.

Asilamu amakana, ndipo chachikulu chomwe chimawapweteka ndi liwu loti Mwana, amamva ngati tikunena kuti Mulungu anakwatira nkubereka. Auzeni mofatsa kuti zimenezo nafenso timazikana, Mwana ndi wobadwa kwa Atate kwamuyaya, popanda mkazi, popanda tsiku loyambira. Ndipo Mariya sali mu Utatu, ngakhale Akatolika amene amamulemekeza kwambiri akuuzani chomwecho. A Mboni za Yehova amati Yesu ndi cholengedwa choyamba ndipo mzimu woyera ndi mphamvu, pafupifupi zija za Arius. Palinso otsatira uthenga wa William Branham ndi ena omwe amabatiza m'dzina la Yesu lokha potengera Machitidwe 2:38.

Ndikukhulupirira kuti pa nkhaniyi akulakwitsa, ndipo kulakwitsa kwake si kwakung'ono. Koma kunyoza ayi. A Mboni analetsedwa m'dziko muno kuyambira 1967 mpaka 1993, anamenyedwa, nyumba kuotchedwa, ndipo mu 1972 ambiri anathawira ku Sinda Misale ku Zambia, kungodumpha malire athu omwewa. Achikulire kuno akukumbukira. Munthu amene makolo ake anavutika chotero chifukwa cha chikhulupiriro simungamukope pomuseka. Mupatseni mpando, tsegulani Yohane mutu 1 ndi mutu 20 muwerengere limodzi, mawa mukakumana pachigayo mupatsane moni.

Tsono popemphera ndizilankhula ndi ndani, Atate, Yesu kapena Mzimu?

Njira yomwe Yesu anatiphunzitsa ndi yopita kwa Atate, ndipo Aefeso 2:18 akuika zonse pamodzi, kudzera mwa Khristu timafika kwa Atate mwa Mzimu mmodzi. Ndi chifukwa chake timatseka ndi mawu oti m'dzina la Yesu, si mawu amatsenga otsegulira chitseko, tikunena kuti tabwera pa chilolezo cha Mwana wa pakhomopo. Koma kupemphera kwa Yesu mwachindunji sikulakwa, Stefano akuponyedwa miyala anafuula kuti Ambuye Yesu landirani mzimu wanga, Machitidwe 7:59. Kuitana Mzimu Woyera kuti akutsogolereni nakonso nkoyenera poti ndi Mulungu. Palibe nsanje pakati pawo, simungakhumudwitse wina chifukwa mwatchula mnzake.

Mayi wina wa m'chigwirizano anandiuza kuti mwamuna wake atamwalira anakhala miyezi osatha kupemphera, akagwada mawu osatuluka, misozi yokha, nde ankaopa kuti mwina Mulungu wamutaya. Tinatsegula Aroma 8:26 pomwe akuti sitidziwa chomwe tizipempha monga tiyenera, koma Mzimu mwini amatipempherera ndi zobuula zosatheka kuneneka, kenako vesi 34 pomwe akuti Khristu ali kudzanja lamanja la Mulungu kutipempherera. Anandipempha kuti ndimulembere mavesi awiriwo pakapepala, anakapinda nkukaika mkati mwa buku lake la nyimbo.